Nyemba Zomwe Zinamunamiza Aziz

Ine ndine Kezia, ndimagulitsa nyemba pamsika wa Malomo, ndipo benchi langa lakhala pakhomo pa kashopu ka Aziz zaka zisanu ndi chimodzi tsopano. Ndiye mukafuna kumva za munthu ameneyu funsani ine, osati anyamata a kabaza aja omwe amangoti Aziz ali ndi zizimba zokokera ndalama m'kompyuta. Zizimba zanji? Munthu wa zizimba angamadye chigumu cha dzulo ndi madzi a pamjigo masana onse? Ndamuona ndi maso angawa akumanga magalasi ake ndi kawaya ka tchaja pokana kugula ena.

Ntchito yake yodziwika ndi kukonza mafoni. Ndi wamfupi, woonda, wa zaka makumi atatu ndi mphambu, ndipo akamamasula foni amatulutsa lilime. Anabadwira kufupi ndi pa boma ku Dowa. Bambo ake anali ndi kagolosale, koma atamwalira kagolosaleko kanapita nawo limodzi, ndipo Aziz anasiya sukulu ali Fomu 2. Iye amati chinamuchotsa ndi fizi. Ine ndimati masamu nawo anathandizira, chifukwa mpaka lero ukangomutchulira za maperesenti amayamba kukanda m'mutu.

Atasiya sukulu ankapititsa tomato panjinga ku Dzaleka tsiku la msika. Kumeneko anapalana ubwenzi ndi Elisha, bambo wa ku Congo yemwe anali ndi shopu ya mafoni, kuseri kwake kuli makompyuta anayi omwe achinyamata ankalipira kuti aseweretse magemu. Aziz ankati akagulitsa tomato amakhala pamenepo mpaka dzuwa kupendeka, kuyang'ana manja a Elisha. Anaphunzira kukonza mafoni, anaphunziranso chinthu china chomwe ndifotokoze, chomwe ine chinanditengera chaka chathunthu kuti ndichimvetse. Kenako anabwera ndi mayi ake, aKulusumu, kuno kwawo kwa mayiyo, n'kutsegula kashopu kake ndi kompyuta imodzi yakale yomwe ikamayaka imalira ngati chigayo chili patali.

Chinthucho ndi ichi. Pali gemu ina yomwe anthu a m'mayiko osiyanasiyana amaomberana pa intaneti. Mfuti za m'gemumo zimakhala ndi zovala, kutanthauza utoto ndi maluwa omwe amazikongoletsa nawo. Ndinamufunsa katatu konse ngati mfuti yovekedwayo imaombera bwino kuposa yosavala. Katatu konse anati ayi, imangooneka bwino basi. Koma anthu amagula ndi ndalama zenizeni, zina pamtengo wa mbuzi, zina wa ng'ombe. Ndinaseka mpaka misozi. Kenako ndinakumbukira kuti inenso ndili ndi chitenje chomwe ndinagula modula ndipo sichifunda kuposa zinzake, ndiye ndinangotseka pakamwa.

Aziz gemuyo saidziwa kusewera, akalowamo amaphedwa asanatembenuke n'komwe. Iye zake ndi zovalazo. Amagula zikatsika mtengo, amagulitsa zikakwera, ndipo Elisha amamusinthira kukhala makwacha a pafoni. Koma palinso njira ina yokwerera msanga. Ukasonkhanitsa zovala khumi za giredi imodzi, umaziponya m'makina a gemuyo, makinawo n'kuzimeza zonse, n'kukulavulira chimodzi cha giredi yapamwamba. Chotulukacho susankha ndiwe. Chikhoza kukhala chodula kuposa khumi zija, chikhozanso kukhala chachabechabe. Zovalazo zili ndi mabanja ake, ndiye ngati mwa khumizo zitatu zili za banja labwino, mwayi woti chituluke chabwino ndi katatu pa khumi.

Nditamva zimenezi ndinamuuza pamaso kuti imeneyo ndi njuga, ndipo ndikawauza akumzikiti. Anakwiya zedi. Anati wanjuga amatseka maso n'kuponya, pomwe iye saponya kanthu asanawerengere. Tinakangana tsiku lonse, ine wa Mvano kumuphunzitsa Msilamu zoletsedwa za chipembedzo chake, ndipo mpaka lero sitinagwirizane. Koma tsiku limenelo anandionetsa kawerengedwe kake, ndipo n'komwe kanandichititsa kuti ndizimulemekeza.

Popeza maperesenti a pakompyuta samulowa m'mutu, Aziz amawerengera ndi nyemba. Amagula kwa ine dzanja limodzi la zoyera, za kayera, ndi dzanja limodzi la tinyemba takuda tofanana nazo msinkhu. Amawerenga zana limodzi m'mbale yachitsulo, zakuda kuimira mwayi, zoyera kuimira tsoka. Akatero amagwedeza mbale, kuyang'ana kudenga, kutola imodzi, kulemba, kuibwezera, kugwedezanso, mpaka kamakumi awiri. Pomaliza amaphatikiza zomwe akanapindula ndi zomwe akanaluza. Zikachepera pa zomwe waikamo, amazisiya. Amati nambala ya pakompyuta analemba ndi munthu yemwe samudziwa, koma dzanja ndi lake. Nyembazo amagula zatsopano nthawi zonse chifukwa akangofika nazo kunyumba mayi ake amaziphika, amati chakudya sachita nacho masewera.

Ndi kachitidwe kameneka anakwera pang'onopang'ono kwa zaka ziwiri, ndipo zonsezo ankalimbanira chinthu chimodzi, denga la mayi ake. Nyumba ya aKulusumu ndi ya njerwa zowotcha, yabwinobwino, koma inali yofolera ndi udzu, ndipo udzu wa masiku ano mukuudziwa, ndi wamfupi komanso wodula. Dzinja lililonse inkadontha. Mayiwo anali ndi mabeseni asanu, lililonse ndi malo ake, ndipo mitambo ikangoda ankasiya chilichonse n'kuthamangira kunyumba kukawatchera. Ndawaonapo akusiya chenje pabenchi langa chifukwa cha kabingu kamodzi kolira ku mapiri a Ntchisi.

Pofika Okutobala chaka chatha Aziz anali ndi zovala khumi za giredi yabwino. Kalipentala Yoswa anali atayeza nyumba n'kunena kuti pakufunika malata 30. Mitengo Aziz anali atagula kale, misomali ili m'kachitini pansi pa tebulo. Zovala khumizo akanazigulitsa tsiku lomwelo zikanakwana malata 30 ndendende. Ine ndinayamba kale kumuyamikira. Koma mwana wa munthu anaona china. Zitatu mwa khumizo zinali za banja lapamwamba, ndipo akanaziponya m'makina n'kutuluka chabwino, chikanakwana malata 90, ndiye kuti denga, njinga yamoto, ndi zotsala. Chikanatuluka cha banja linalo, malata asanu ndi limodzi basi, ongokwanira chimbudzi.

Lolemba anabwera kudzagula nyemba zake zowerengera. Apa ndiye pali kulakwa kwanga, ndipo sindibisa. Tinyemba takuda tinali titatha. Ndinali ndi makasitomala atatu pabenchi, wina akukangana nane za muyezo, ndiye ndinangotapa phalombe, zofiira zikuluzikulu zija, n'kumuthirira m'manja. Ndinati bola mtundu ukusiyana. Iye naye sanaganize kawiri.

Lachitatu m'mawa anatulukira akuyenda ngati wina akumuimbira ng'oma. Anandigulira tiyi wamkaka ndi mandasi awiri, Aziz, munthu woti akagula ndasi limodzi amalidula pakati kuti lina adye mawa. Ndinadziwa kuti pali nkhani. Anati wayesa masiku awiri, phalombe 30 ndi kayera 70, ndipo zofiira zikutuluka kakhumi ndi kawiri, nthawi zina kakhumi ndi katatu, pa makumi awiri. Anati chiyambireni nyemba sizinalankhulepo momveka chonchi. Akanaponya kale zovalazo m'mawa womwewo, kungoti magetsi anali atazima, ndipo ankangodikira kuti ayake.

Ndakhala ndikutukwana magetsi a kuno moyo wanga wonse, koma tsiku limenelo ndimawathokoza mpaka pano. Podikirapo anatulutsa mbale ija kuti andionetse. Anaiika pa benchi langa, anaigwedeza, anayang'ana kumwamba, anapisa dzanja. Yofiira. Anagwedezanso. Yofiira. Ine maso anga sanali pa dzanja lake, anali m'mbalemo. Ndapeta nyemba zaka makumi atatu. Ukagwedeza lichero, zing'onozing'ono zimalowa pansi, zikuluzikulu zimakwera pamwamba, ndipo chala chikapisa chimakumana ndi yaikulu poyamba. Mtsikana aliyense wa kumudzi amadziwa zimenezi asanathe n'komwe kusenza ndowa. Koma Aziz anakulira m'golosale ndi m'mafoni, lichero sanaligwirepo.

Ndinamugwira pamkono tiyi n'kutayika.

"Iwe Aziz, taima. Tayang'ana m'mbalemo usanapise. Pamwambapo pali chiyani?"

Anayang'ana. Pamwamba panali pofiira pafupifupi ponse, zoyera zikungosuzumira m'mipata. Anati mwina wagwedeza molakwika. Anavundula ndi chala, anagwedezanso, ndipo phalombe zinakweranso pamaso pake, pang'onopang'ono, mopanda manyazi. Kenako anayamba kukana, monga amachitira amuna. Anati kusiyana kwake sikungakhale kwakukulu, anati ine sindidziwa za magemu, anatinso mwina Mulungu akumuonetsa njira. Apo ndinapsa mtima. Ndinamuuza kuti asalowetse Mulungu m'nkhani ya nyemba zomwe ndamugulitsa ndine, ndipo ngati za magemu sindizidziwa, za mbale yogwedeza asandiphunzitse.

Ndinapita kwa mnzanga wogulitsa chimanga n'kutapako pang'ono. Ndinasankha njere zana zofanana, imodziimodzi, monga ndimasankhira mbewu. Aziz anadetsa 30 ndi cholembera chakuda chomwe amalembera mayina pa mabatire a anthu. Tinaziika m'kathumba kansalu kuti diso lisathandize dzanja, ndipo wotola ndinali ine. Ulendo woyamba zakuda zinatuluka kasanu ndi kamodzi pa makumi awiri. Wachiwiri kasanu. Wachitatu kasanu ndi kawiri, koma pakati pake panali zoyera zisanu ndi zitatu zotsatizana.

Anatenga pensulo n'kuwerengera kuseri kwa katoni. Anati ngakhale zili choncho phindu lilipobe. Ukaponya kamakumi awiri, n'kuphatikiza zonse, ulendo uliwonse umatsala ndi lata limodzi lapamwamba. Ananena zimenezi mokweza mutu, ngati wapambana mlandu.

"Kamakumi awiri," ndinatero. "Nanga iweyo pakompyutapo utola kangati?"

"Kamodzi, amayi."

"Ikatuluka yoyera, mayi ako ukawauza kuti chiyani? Kuti pa avereji nyumba yawo siikudontha?"

Magetsi anayaka nthawi yomweyo, wailesi za pamsika zonse n'kubuma pamodzi, kompyuta yake n'kuyamba kulira m'shopumo. Analowa, ndipo ine ndinatsala pabenchi langa, chifukwa munthu wamkulu sungamumange manja. Ndinagulitsa nyemba kwa mayi wina n'kumupatsa chenje cholakwika. Patapita kanthawi ndinamumva akulankhula pafoni m'Chichewa chosakaniza ndi Chiswahili, ndipo ndinadziwa kuti akulankhula ndi Elisha. Anamugulitsa zovala zonse khumi.

Malata anabwera pangolo sabata yotsatira, akuwala mpaka kuthobwa m'maso, ana akuthamangira m'mbuyo. Yoswa anasasula udzu, anakhoma masiku atatu, ndipo aKulusumu anaphikira amisiri mpunga wa nkhuku. Aziz ankayenda pamsika akupatsa moni ngakhale anthu omwe amadana nawo. Ine ankanditchula kuti profesa. Ndinkachita ngati sindikufuna, koma ndinkamva kukoma.

Nkhaniyi ikanathera pamenepa ndikanakondwa. Koma Elisha ndi wamalonda, ali ndi zovala zambiri, ndipo iye kuponya kamakumi awiri angathe. Patatha masiku khumi anaziponya khumi zija m'makina, zomwe zija, osasinthako n'chimodzi chomwe. Chinatuluka chabwino. Anatumiza chithunzi pafoni, mfuti yagolide yojambulidwa kambuku, pansi pake atalemba mawu othokoza ndi tinkhope toseka. Sanachite mwachipongwe, Elisha ndi munthu wabwino, kungoti chimwemwe sichiona mnzako.

Aziz anabwera pabenchi langa, anandiika foniyo pamphuno, n'kubwerera m'shopu. Kuyambira tsiku limenelo uprofesa unatha. Moni wake unasanduka wa pakhosi. Njinga yamoto ikadutsa ankaiperekeza ndi maso mpaka ikakhote, kenako n'kundiyang'ana ine. Choipitsitsa, nditapereka foni yanga kuti anditchajire monga mwa masiku onse, anandiuza mtengo. Zaka zisanu ndi chimodzi osandilipiritsa! Ndinalipira, ndinamuponyera ndalamayo patebulo, ndipo ndinanena mawu ena omwe mayi wa Mvano sayenera kunena pamsika.

Zinandiwawa, ndisaname. Ndipo pena ndinkadzifunsa ngati sindinamudyere mwana wa eni njinga yake. Ndinkapeta nyemba ndikuwerengera ndekha. Koma ndikawerengera bwinobwino ndinkafika pomwe paja. M'kathumba muja munali zoyera 70. Elisha anapisa n'kupeza yakuda, chabwino, mwayi wake, koma zoyerazo sizinachokemo chifukwa choti iye waseka. Ndinayesa kumuuza Aziz zimenezi tsiku lina. Anangokweza wailesi.

Tinakhala choncho masabata atatu, anthu awiri oyang'anizana tsiku lonse osalankhulana, mpaka mnzanga wa chimanga uja anati tikumutopetsa. Kunja kunkatentha koopsa, fumbi lili paliponse, aliyense akuyang'ana kumwamba.

Mvula inagwa kumapeto kwa Novembala, Lachinayi masana. Sinayambe ndi kuwaza ayi, inangokhuthuka ndi mphepo yomwe, msika wonse balala. Ndinakokera matumba anga pakhonde pa Aziz osapempha, iye anasuntha tebulo osandiyang'ana, ndipo tinaima pamenepo maola awiri ngati anthu osadziwana odikira minibasi. Madzi anadzadza msewu, mapepala apulasitiki akuyandama. Ndinamuona kangapo akuyang'ana mbali ya kunyumba kwawo, mwendo umodzi uli kale panja, monga ankachitira zaka zonse pofuna kukathandiza kutchera mabeseni. Kenako ankakumbukira n'kuubweza.

M'mawa mwake ndikuyala nyemba zanga ndinaona aKulusumu akubwera m'matope, atavala mpango wawo woyera wa Lachisanu, pamutu atasenza mabeseni asanu olowetsana. Mayi amenewa salankhula zambiri. Anatula pafupi ndi benchi langa, tinapatsana moni, anafunsa za ana ndi za kumunda. Aziz anali pakhomo pa shopu, sikuludiraiva ili m'manja, akuchita ngati akumasula foni. Mayiwo anati mabeseniwo ntchito yawathera, anayi akukawapatsa achibale, koma lalikulu abweretsera ine, chifukwa Yoswa anawauza zonse za nyemba zija. Ndinayamba kukana monga mwa ulemu. Anandigwira dzanja.

"Mayi Kezia, beseni ili limakhala pakati penipeni pa nyumba. Zaka khumi ndi chimodzi. Dzulo mvula ili pakati ndinalichotsa, ndinayala mkeka wanga pamalo pakepo, ndinaswali. Nditamaliza ndinagwira mkekawo ndi manja, mbali zonse. Unali wouma."

Ndinayang'ana kwa Aziz. Anali atavula magalasi ake a kawaya aja, akuwapukuta ndi malaya, ndipo anawapukuta nthawi yaitali kuposa momwe magalasi amafunira. Mayi ake atapita anabwera, anatenga foni yanga pabenchi, anakailumikiza ku magetsi, pobwerera n'kuika ndalama yanga ija pa thumba la kayera. Kenako anapempha dzanja limodzi la zoyera ndi limodzi la zakuda. Anati ndimusankhire ndine, zofanana msinkhu.

Panopa wayambiranso pansi, ndi tizovala totchipa, akuti njingayo adzaigula basi ngakhale patapita zaka zitatu. Timakanganabe za njuga pafupifupi sabata iliyonse. Beseni lija ndi lomwe ndimaikamo phalombe kutsogolo kwa benchi. Makasitomala ena amandinena kuti ndigule latsopano, chifukwa nyemba zikatsala pang'ono pansi pake pamaoneka kabanga ka dzimbiri, kozungulira, pomwe dontho linkagwera. Ndimawauza kuti agule nyemba azipita.